Kalata yotseguka kwa Mkulu wa Majaji: mlandu wa banja ukachedwa, wagamulidwa kale

Olemekezeka Mkulu wa Majaji ndi Makhoti a dziko la Malawi,

Ndakulemberani poyera chifukwa nkhani ndili nayoyi si ya mlandu umodzi, ndipo sindikupempha kuti mulowerere pa chigamulo cha jaji kapena majisitireti wina aliyense. Dandaulo langa ndi la nthawi. Milandu ya mabanja, kaya ndi ya chisudzulo, ya chithandizo cha ana, ya yemwe asunge mwana, ya kugawana katundu kapena ya chuma cha masiye, imakhalitsa m'mabwalo athu kuposa mmene eni ake angapirire. Mfundo yanga ndi imodzi yokha: pa milandu yotere, kuchedwa sikusiya zinthu mmene zinalili kuti zidikire tsiku lachiweruzo. Kuchedwako n'chigamulo kale, chosasainidwa ndi woweruza aliyense, ndipo pafupifupi nthawi zonse chimakomera yemwe watsala ndi makiyi a nyumba, yemwe amalandira malipiro pakutha pa mwezi, kapena yemwe mwana wagona kwake usiku wapitawu. Khoti likakhala chete chaka chathunthu, ndiye kuti chaka chonsecho lakhala likumuimira kumbuyo munthu ameneyo, pomwe mnzakeyo alibe kochitira apilo chifukwa palibe pepala loti akalitsutse.

Malamulo tili nawo, ndipo ndi abwino. Gawo 41 la Malamulo Oyendetsera Dziko a 1994 limapatsa munthu aliyense ufulu wofika kubwalo la milandu kuti nkhani yake ikathere komweko, komanso wolandira thandizo looneka ufulu wake ukaphwanyidwa. Gawo 24 limati ukwati ukatha, mkazi alandire gawo loyenera la katundu amene anali naye pamodzi ndi mwamuna wake, ndiponso chithandizo choyenera poona mapezedwe a mwamunayo ndi zosowa za ana. Gawo 23 limaika ubwino wa mwana patsogolo pa chiganizo chilichonse chomukhudza, ndipo limati makolo asamale mwana wawo, kaya ali pabanja, kaya sanakwatirane, kaya anasiyana. Nyumba ya Malamulo inawonjezerapo lamulo loletsa nkhanza za m'banja mu 2006, losamalira ndi kuteteza ana mu 2010, la chuma cha masiye mu 2011, limene limati kulanda katundu wa womwalira ndi mlandu, kenako la maukwati, chisudzulo ndi maubale a m'banja mu 2015. Mu 2016 lamulo la makhoti linasinthidwa kuti Khoti Lalikulu likhale ndi nthambi, ndipo imodzi mwa nthambizo, ya Family and Probate, ndi yoona za mabanja ndi chuma cha masiye. Tikamawerenga mabuku, mayi wa ku Nsanje ndi bambo wa ku Chitipa ndi otetezedwa mokwanira. Koma buku silingaitanitse mlandu, silingaike tsiku, silingakane pempho loti mlandu auimike kaye. Zimenezo ndi ntchito za nthambi ya boma imene mukutsogolera.

Aliyense amene anakhalapo pakhonde la bwalo la majisitireti m'mawa wa tsiku la milandu ya mabanja akudziwa mmene tsikulo limathera. Wodandaula amadzuka kusanache, n'kukwera kabaza mpaka pamsewu, n'kugwira minibasi yopita kuboma. Sabwera yekha, chifukwa pa ukwati wa mwambo khoti limafuna kumva ankhoswe, ndipo ankhoswewo ulendo wawo amaulipira ndi iye yemweyo, kuphatikizapo kachakudya ka masana. Mwana woyamwa ali kumbuyo, chisamani chopindidwa kanayi chili m'kachikwama ka pulasitiki pamodzi ndi buku lachipatala. Amakhala pabenchi, benchi likadzaza amayala chitenje pansi pa mtengo, khutu lili kukhomo kumene kalaliki amaitanira mayina. Dzuwa likapendeka ndi pomwe amamva mawu amodzi mwa mawu odziwika aja: abwana apita kumsonkhano, fayilo sikuoneka, wodandaulidwa sanalandire chisamani, loya wa mbali inayo ali kukhoti lina. Amamulembera tsiku lina kuseri kwa pepala lomwe lija. Pofika ulendo wachitatu kapena wachinayi, ndalama imene waononga panjira yaposa imene amapempha kuti bambo wa mwana azipereka pamwezi, ankhoswe atopa nawo ulendowo, ndipo iye amangosiya. M'kaundula wa khoti mlanduwo umalembedwa kuti wathetsedwa chifukwa wodandaula sanabwere. M'chiwerengero chanu umaoneka ngati ntchito yatha, pomwe kumudzi onse akudziwa kuti wapambana ndi amene anali ndi mphamvu yodikira.

Akuluakulu amati mlandu suola, ndipo mwambiwu ndi woona pa ngongole ya mbuzi kapena pa malire a munda. Pa mwana suthandiza. Kalembera wa 2018 anapeza kuti m'dziko muno munali anthu oposa 17.5 miliyoni, ndipo pafupifupi theka anali ana osafika zaka 18, msinkhu umene kusintha kwa Malamulo Oyendetsera Dziko mu 2017 kunauika kukhala malire a ubwana. Kafukufuku wa zaumoyo wa 2015 mpaka 2016 anapeza kuti ana 37 mwa ana 100 aliwonse osafika zaka zisanu anali opinimbira. Azaumoyo amatiuza kuti kupinimbira kumayambika makamaka m'masiku 1,000 oyamba, kuchokera pamene mayi watenga pakati kufika mwana atakwanitsa zaka ziwiri, ndipo zimene zaonongeka m'nthawi imeneyo n'zovuta kuzibwezeretsa. Tsono mlandu wa chithandizo cha khanda ukatenga chaka ndi theka, wadya theka la nthawi yonse imene phala, dzira ndi nsinjiro zikanagwira ntchito yake m'thupi la mwanayo. Khoti likhoza kudzalamula kuti ndalama za miyezi yonse yapitayo ziperekedwe, ndipo n'koyenera kutero, koma mwana sadya chakudya cha chaka chatha. N'chimodzimodzi ndi mtsikana wa fomu 2 amene wakhala pakhomo teremu ziwiri podikira kuti khoti linene yemwe azimugulira zofunika kusukulu. Pofika tsiku lachigamulo anzake apita patsogolo, iye mwina ali kale pabanja limene lamulo la maukwati la 2015 lija limaletsa.

Pa mlandu wa yemwe asunge mwana, kuchedwa kumachita chinthu china choipa kwambiri, chifukwa kumapanga umboni. Kholo limodzi likatenga mwana n'kupita naye kwawo, mwezi woyamba aliyense amaona kuti mwana wachotsedwa pamene anazolowera. Pakatha zaka ziwiri, mwanayo wazolowera kumeneko: sukulu yake ndi ya kumeneko, anzake ndi a kumeneko, mwina ndi chiyankhulo chomwe wasintha. Woweruza wanzeru, poganizira ubwino wa mwana monga lamulo limanenera, adzazengereza kumuzula kachiwiri, ndipo sindingamudzudzule. Koma taonani chimene chachitika: amene anayamba kulanda wapatsidwa mwana chifukwa choti anasunga cholandacho nthawi yaitali, ndipo nthawiyo anamupatsa ndi khoti. Apa ovutika si amayi okha. Alipo abambo ambiri amene anatsekeredwa khomo, amene akudikira chigamulo chongowalola kuona ana awo pa Loweruka, ndipo mwezi uliwonse ukadutsa mwana amazolowera kukhala wopanda bambo. Makolo ena aphunzira kale phunziro limeneli, kuti chofunika n'kuthamangira mwana, zakukhoti zibwera pambuyo. Aphunzitsidwa ndi kalendala ya khoti.

Ndalama nayo sidikira. Mu Meyi 2022 mphamvu ya kwacha inatsitsidwa ndi 25 peresenti, ndipo mu Novembala 2023 inatsitsidwanso ndi 44 peresenti. Munthu amene anasuma kumayambiriro kwa 2022 kupempha ndalama yakutiyakuti pamwezi, kapena gawo lake la ndalama zimene zinali kubanki, n'kulandira chigamulo mu 2024, analandira nambala imene anapempha koma thumba la chimanga, botolo la mafuta ophikira ndi lendi zinali zitamuthawa kalekale. Amene anasunga ndalamazo nthawi yonseyi anachita nazo bizinesi popanda chiwongoladzanja. Katundu wogwirika ndiye amasungunuka mwa njira zodziwika kwa aliyense: galimoto imapezeka kuti inalembedwa m'dzina la mchimwene, ng'ombe zinasamukira kukhola la amalume, malata ndi matumba a simenti amene anagulidwa kuti amangire nyumba anagulitsidwa, puloti ya m'mphepete mwa tauni ili ndi mwini watsopano amene akuonetsa kapepala ka amfumu. Tsiku limene khoti likhala pansi kuti ligawe mwachilungamo monga gawo 24 likunenera, limagawa zotsala. Kumudzinso nyengo ili ndi nthawi yake. Mvula ikagwa mu Novembala kapena Disembala munda uyenera kudzalidwa, ndipo ngati sizikudziwika kuti chimanga cha m'nkhokwe ndi fetereza wogulidwa pamodzi n'zayani, wina adzala, wina agona ndi njala mu Febuluwale. Mkamwini amene anamanga nyumba ndi kulima dimba kwawo kwa mkazi, ndi mkazi wa chitengwa kapena wolowoledwa amene anasiya thukuta lake kwawo kwa mwamuna, onsewa amachoka chimanjamanja pa tsiku lopatukana, ndipo chimene akudikira kukhoti ndicho mbewu yawo ya chaka chimenecho.

Kuchedwa kwina kumachokera m'mene makhoti athu anakonzedwera. Makhoti amiyambo atathetsedwa pobwera ulamuliro wa zipani zambiri, milandu ya maukwati a mwambo inagwera mamajisitireti, amene ali kale ndi mulu wa milandu yakuba, yovulazana ndi ya pamsewu. Majisitireti akhoza kuthetsa ukwati wa mwambo, koma mphamvu zake zili ndi malire pa nkhani ya umwini wa malo ndi pa kuchuluka kwa ndalama. Choncho banja limene lili ndi nyumba ya njerwa zootcha pa puloti yake limasudzulidwa kubwalo laling'ono, kenako nkhani ya katundu n'kutumizidwa ku Khoti Lalikulu, limene maofesi ake ali ku Blantyre, Lilongwe, Mzuzu ndi Zomba, m'dziko la maboma 28. Banja limodzi, milandu iwiri, mizere iwiri. Fayilo yolembedwa pamanja iyenera kutayipidwa, kunyamulidwa, kulandiridwa, kupatsidwa nambala yatsopano ndi jaji watsopano amene sanaonepo nkhope za anthuwa ndipo ayamba nkhani pachiyambi. Pakati pa mabwalo awiriwa ndi pamene mafayilo ambiri amagona, chifukwa wotumiza wasamba m'manja ndipo wolandira sanayambe kuwerenga masiku. Mayi wa ku Karonga kapena ku Nsanje amene anakwanitsa ulendo wa kuboma sangakwanitse ulendo wa ku Mzuzu kapena ku Blantyre kukafunsa ngati fayilo inafika. Ukwati watha, inde, koma iye ali kwa makolo ake ndi ana, mwamuna ali m'nyumba muja, mwinanso ndi mkazi wina.

Chimene chimandilimbitsa mtima polemba kalatayi n'chakuti makhoti athu anaonetsa kale kuti akhoza kufulumira osataya chilungamo. Chisankho cha pulezidenti chinachitika pa 21 Meyi 2019. Majaji asanu anayamba kumva mlandu wotsutsa zotsatira zake mu Ogasiti chaka chomwecho, anasanthula mapepala osawerengeka ochokera kumalo oponyera voti, ndipo pa 3 Febuluwale 2020 anapereka chigamulo cha masamba mazanamazana. Khoti la Apilo linagamula pa 8 Meyi, ndipo pa 23 Juni anthu anavotanso. Majajiwo analandira mphoto ya Chatham House ku London chaka chomwecho, ndipo tonse tinanyadira. Mlandu wovuta chotero unadutsa makhoti awiri chaka chisanathe chifukwa aliyense anavomereza kuti dziko silingadikire. Amalonda nawo anapatsidwa nthambi yawoyawo ya Commercial mu 2007 pa chifukwa chakuti ndalama za bizinesi siziyenera kumangika m'khoti, ndipo mu 2022 kunabwera nthambi ya milandu ya zachuma ndi katangale. Womangidwa ndi apolisi ayenera kuonekera kukhoti pasanathe maola 48. Malamulo a 2017 oyendetsera milandu yosakhala yaupandu ku Khoti Lalikulu anaika masiku 90 oti jaji apereke chigamulo akamaliza kumva mlandu. Ndiye kuti kuika malire a nthawi si chinthu chachilendo kwa ife. Tinasankha amene nthawi yawo ndi yamtengo wapatali: andale, amalonda, omangidwa. Mwana wodikira phala sitinamuike pamndandandawo.

Ena adzati kuthamanga sikufika, ndipo pa nkhani za banja mawu amenewa ndi olemera. Ukwati si ngongole ya kusitolo. Anthu amakwiya lero n'kukhululukirana mwezi wamawa, ndipo khoti limene lingamadule maukwati mwaliwiro likhoza kupasula mabanja amene ankhoswe, abusa kapena mashehe akanawakonza. Ndikuvomereza, ndipo lamulo la 2015 nalo limafuna kuti khoti likhutire kuti ukwati wasweka kosatheka kuukonza lisanauthetse. Koma tisiyanitse zinthu ziwiri zimene zimabwera m'fayilo imodzi. Funso loti ukwati uthe kapena ayi likhoza kupatsidwa nthawi, miyezi ingapo yodziwika, kuti ankhoswe agwire ntchito yawo. Funso loti ana adya chiyani sabata ino, agona kuti, ndiponso loti katundu asagulitsidwe mlandu uli mkati, silifuna kudikira chiyanjano. Ndipotu chiyanjano chenicheni chimatheka bwino pamene mbali zonse zili ndi podyera. Mkazi amene wabwerera kwa mwamuna womumenya chifukwa choti ana akhala masiku awiri osadya nsima sanayanjanitsidwe ndi munthu. Wagonja ndi njala, ndipo tidzamuonanso ku ofesi ya apolisi yothandiza ozunzidwa. Kuonjezera apo, kuimika mlandu chifukwa fayilo yasowa si kupereka mpata wokambirana. Mpata wokambirana umakhala ndi wokambitsa, tsiku loyambira ndi tsiku lobwerera kukhoti kudzanena zimene zatuluka.

Chotsutsa chachiwiri ndi cha ndalama, ndipo ichi n'chimene inu mukuchidziwa kuposa ine. Majaji ndi mamajisitireti ndi ochepa poyerekeza ndi milandu, nyumba zina zoweruziramo n'zakalekale, mesenjala alibe njinga yokaperekera chisamani, alangizi a zachisamaliro cha anthu amene amayenera kukaona pakhomo pa mwana alibe mafuta a njinga yamoto. Mu 2012 ogwira ntchito m'makhoti ananyanyala kwa masabata ambiri pa nkhani ya malipiro, ndipo mabwalo anatsekedwa. Lamulo lokhazikitsa makhoti a m'madera linadutsa mu 2011, koma anthu akumidzi sanapindule nalo. Zonsezi ndi mlandu wa Nduna ya Zachuma ndi Nyumba ya Malamulo, ndipo amene timadandaula za kuchedwa tiyenera kukadandaulanso kumeneko nthawi ya bajeti. Komabe umphawi sufotokoza zonse. Kuuza anthu makumi atatu kuti onse afike 8 koloko m'mawa, pomwe bwalo lingamve milandu isanu ndi umodzi, sikuchitika chifukwa chosowa ndalama. Kulephera kutumiza uthenga pafoni dzulo lake kuti abwana sadzakhalapo mawa, m'dziko limene ngakhale wogulitsa tomato amalandira ndalama pafoni, sikuchitika chifukwa chosowa ndalama. Ndipotu kuchedwa kumadya ndalama za khoti lomwelo: mlandu woitanidwa kasanu ndi katatu umatenga nthawi ya kalaliki, ya womasulira ndi ya woweruza kasanu ndi katatu, pomwe ukanatha kawiri. Pamene zipangizo n'zochepa m'pamene dongosolo la amene ayambe limafunika kwambiri.

Apo pakubwera chotsutsa chachitatu, chimene sindichipeputsa: kodi tingaike mlandu wa chisudzulo patsogolo pa munthu amene ali pa limandi ku Maula kapena ku Chichiri, m'chipinda chothinana, asanapezeke wolakwa? Ayi, ndipo sindikupempha zimenezo. Ufulu wa munthu wotsekeredwa uyenera kukhala patsogolo. Koma pempho loyamba la chithandizo cha mwana silifuna sabata ya khoti. Limafuna theka la ola: mwana ndi wanu kodi, mumapeza bwanji, mwanayu akusowa chiyani, perekani mwakuti kufikira tidzamve mlandu wonse. Tsiku limodzi lokhazikika pa sabata, kapena masana awiri, loperekedwa ku nkhani za mabanja zokha ndipo losalandidwa ndi milandu ina, silingatsekereze wa pa limandi aliyense. Tisaiwalenso kuti mizere iwiriyi imadyetsana. Mkangano wa nyumba umene khoti lausiya miyezi khumi umathera pa chikwanje, ndipo mwana amene bambo ndi mayi akukankhirana amakapezeka m'misewu ya Limbe kapena pa depoti ya Lilongwe, kumene apolisi adzamutola n'kubwera naye kwa majisitireti yemwe uja, tsopano ngati woganiziridwa mlandu.

Oweruza ambiri anganene, ndipo sanama, kuti ochedwetsa milandu ndi eni ake ndi maloya awo. Wodandaulidwa amazemba chisamani, amasintha loya mlandu uli pakati, amadwala pa tsiku la khoti lokhalokha, amachita apilo pa kachigamulo kalikonse. Izi zikungotsimikizira mfundo yanga. Munthu amachedwetsa mlandu chifukwa kuchedwako kumamupindulira, ndipo kumamupindulira chifukwa khoti silinakhudze chilichonse chimene wagwira. Tsiku limene kudzakhale chizolowezi choti sabata zoyambirira khoti lilamule chithandizo chongoyembekezera, liletse kugulitsa katundu ndi kunena masiku amene kholo linalo liziona ana, phindu la kuzemba lidzatha, ndipo yemwe uja ankadwala tsiku la khoti adzakhala woyamba kufunsa kuti mlandu utha liti. Woweruza ali nazo kale zida: akhoza kukana kuimika mlandu popanda chifukwa chomveka, akhoza kulamula wochedwetsa kubweza ndalama za ulendo za mnzake tsiku lomwelo, akhoza kupitiriza mlandu ngati pali umboni woti chisamani chinafika. Chimene chimasowa ndi chilimbikitso chochokera kumwamba choti kuchita zimenezi ndiyo ntchito, si nkhanza. Ndipo poti ambiri mwa anthu amenewa alibe loya, pakuti maloya a Legal Aid Bureau sangafike paliponse, woweruza akapanda kuuyendetsa yekha mlanduwo palibe wina adzauyendetsa.

Chotsala ndi nkhawa ya ufulu wa oweruza, umene gawo 103 limauteteza ndipo Amalawi anaguba m'misewu kuuteteza mu 2020. Ufulu umenewo ndi woti pasapezeke munthu, kaya pulezidenti kaya inu nomwe, wouza jaji mbali yoti aikomere. Sunakhalepo ufulu wosunga fayilo m'kabati zaka ziwiri osafotokozera aliyense. Gawo 12 limati mphamvu zonse za boma zimachokera kwa anthu ndipo ozigwiritsa ntchito anangosungitsidwa. Makhoti sanapatulidwe pa mawu amenewo. N'chifukwa chake ndikupempha kuti miyezi itatu iliyonse ofesi yanu izitulutsa poyera chiwerengero cha milandu ya mabanja pa bwalo lililonse: yolowa, yotha ndi chigamulo, yothetsedwa chifukwa wodandaula analeka kubwera, ndi yopitirira chaka. Mayina a eni milandu asatchulidwe, chifukwa nkhani za m'nyumba ndi za ana n'zachinsinsi. Manambala amenewa adzateteza oweruza akhama, amene ndi ambiri, ku mbiri yoipa imene amaisenza chifukwa cha anzawo ochepa. Adzatsekanso pakamwa manong'onong'o akuti fayilo imayenda ikapatsidwa kangachepe, pakuti pamene palibe tsiku lodziwika m'pamene katangale amapeza msika. Ndipo mukadzapita ku Nyumba ya Malamulo kukapempha mamajisitireti owonjezera, mudzakhala ndi umboni m'manja.

Lamulo la makhoti limakupatsani mphamvu yokhazikitsa malamulo a kayendetsedwe ka milandu, choncho zambiri mwa izi sizifuna kudikira aphungu. Ku England, kumene tinatengera mbali yaikulu ya kachitidwe ka makhoti athu, lamulo la ana la 1989 limauza woweruza kuti azikumbukira kuti kuchedwa kumavulaza mwana, ndipo mu 2014 anaika malire a masabata 26 pa milandu imene boma likufuna kuchotsa mwana m'manja mwa makolo. Sakwanitsa nthawi zonse, koma akalephera aliyense amadziwa kuti alephera ndiponso ndi masabata angati. Ife tikhoza kuika malire athuathu molingana ndi mphamvu zathu. Pempho la chithandizo cha mwana, la chitetezo ku nkhanza ndi loletsa kugulitsa katundu limvedwe pasanathe masabata awiri chilembetsereni. Mlandu wonse wokhudza mwana uthe pasanathe miyezi isanu ndi umodzi, ndipo ukapitirira woweruza alembe chifukwa chake. Fayilo yochoka kwa majisitireti kupita ku Khoti Lalikulu ikhale ndi tsiku lofikira ndi munthu wodziwika woyankhapo, ndipo majaji a nthambi ya mabanja aziyendera maboma kukamva milandu ya katundu komweko m'malo moitanira osauka kumizinda inayi. Kumene kuli anthu ophunzitsidwa kuyanjanitsa, monga amene bungwe la PASI lakhala likuphunzitsa m'midzi, khoti liziwatumizira nkhani ndi tsiku lobwerera, ndipo zimene agwirizana zizisainidwa ndi majisitireti kuti zikhale ndi mano.

Chigamulo chikatuluka pamakhalanso mzere wina umene sitiuwerenga, wa anthu amene anapambana mlandu koma ndalama sakuziona. Bambo walamulidwa kupereka mwakuti pamwezi, wapereka miyezi iwiri, wasiya, ndipo mayi ayenera kuyambanso ulendo wa kabaza ndi minibasi kukadula chisamani china. Kwa amene ali pantchito yolembedwa, m'boma kapena m'makampani, khoti lizilamula pa tsiku lachigamulo lomwelo kuti ndalamayo izidulidwa kumalipiro. Kwa ena, izilipidwa pafoni kuti umboni uzikhalapo wokha popanda wina kupita kuboma, ndipo chigamulo chilichonse chizinena mwezi umene ndalamayo idzaunikidwenso, poti taona zimene kwacha imachita.

Poyambira sipafuna bajeti yatsopano, Olemekezeka. Lamulani kuti pa bwalo lililonse, kuyambira la majisitireti wa giredi yachitatu kufika ku nthambi ya Family and Probate, makalaliki atulutse m'makabati mafayilo onse a mabanja amene muli dzina la mwana ndipo apitirira chaka, awawerenge, akutumizireni chiwerengerocho, ndipo fayilo iliyonse ipatsidwe tsiku teremu ya sukulu ikubwerayi isanatsegulidwe.

Ndine wanu mwaulemu,

Nzika ya dziko lino